Mbiri ya Kusamala Ovulala Mutu ndi Msana

Mwa ngozi zonse zimene zigwera ana a anthu, ngozi ya mutu ndi ya msana ndiyo isautsa mudzi koposa. Munthu akathyoka mwendo, onse aona pothyokapo, nadziwa chochita. Koma mnyamata akagwa mumtengo wa mango, kapena bambo akaterereka padenga pofolera nyumba, kapena wokwera njinga yamoto akagwa pamseu, kawirikawiri bala lenileni libisala m'kati. Ndipo iwo othamangirako, angakhale adza ndi mtima wachifundo, akhoza kuonjeza choipa ndi manja awo omwe. Mwezi uno tifuna kulondola nanu, owerenga athu, mbiri ya nzeru imene anthu anaitola pang'onopang'ono pa mabala amenewa. Mbiriyo njaitali, ya zaka zoposa 3,500. Tikaitsata bwino tidzapeza kuti zambiri zopulumutsa wovulala zinatulukira mwa kupenyetsetsa ndi mwa kugwira modekha, ndizo ntchito ziwiri zimene munthu aliyense wa kumudzi akhoza kuziphunzira.

Tiyambe takumbutsana za mapangidwe a thupi. Ubongo ndi wofewa, ndipo ukhala wotsekeredwa m'chigaza, chimene sichitha kufutukuka. Kuchokera ku ubongo kutsika mtsempha waukulu woyera, wonenepa ngati chala chaching'ono cha kudzanja, nudutsa m'kati mwa mafupa a msana. Mafupawo alipo 33, osanjikizana, ndipo 7 mwa iwo ali m'khosi. Mau onse a ubongo olamula manja ndi miyendo ayenda mumtsempha umenewu, ndi mau a khungu obwerera ku ubongo ayenda momwemo. Fupa likathyoka limalumikizikanso. Koma mtsempha uwu ukaduka, kufikira lero palibe dotolo wodziwa kuulumikiza.

Buku Lopatulika lomwe silibisa ngozi zotere. Eli wansembe, nkhalamba ya zaka 98, anagwa chagada pampando wake atamva kuti likasa lalandidwa, khosi lake nilithyoka, nafa. Abimeleki anaphwanyidwa chigaza ndi mwala wa mphero umene mkazi anauponya ali pansanja, koma anakhozabe kulankhula asanafe. Mefiboseti mwana wa Yonatani anapunduka miyendo ali wa zaka 5, pakuti mlezi wake anamnyamula mofulumira pothawa, mwanayo nagwa. Olemba nkhanizi anatiuza zimene zinachitika. Koma oyamba kulemba za machiritso ake anali anthu a mtundu wina.

Mpukutu wa ku Egypt

M'chaka cha 1862 munthu wa ku America, dzina lake Edwin Smith, anagula mumzinda wa Luxor m'dziko la Egypt, ndilo Aigupto wa m'Buku Lopatulika, mpukutu wakale wa gumbwa, utali wake woposa mamita 4. Unakhala zaka zambiri wosamasulidwa, kufikira mphunzitsi James Henry Breasted anasindikiza mamasulidwe ake mu 1930. Pamenepo kunadziwika kuti ndi buku la sing'anga wa mabala, lolembedwa monga zaka 1,600 Khristu asanabadwe, ndiponso lokopedwa ku buku lina lakale koposa.

M'menemo muli nkhani za ovulala 48, zoyambira kumutu ndi kutsika nalo thupi. Pa nkhani iliyonse wolembayo auza wophunzira wake poyang'ana, pokhudza, ndi chofunsa wodwala. Afotokoza za munthu wophwanyika chigaza, nati sing'anga akakhudza m'balamo adzamva kanthu kakugunda pansi pa zala zake monga liwombo la khanda. Afotokoza za wina wolasidwa palitsipa, amene sanathenso kulankhula. Afotokozanso za munthu wogwa chamutu, mafupa a khosi nalowana, wosamvanso manja ake ndi miyendo yake. Chodabwitsa nchakuti m'dziko lodzala ndi maula ndi matsenga, mwa nkhani 48 zimenezi imodzi yokha ndiyo itsamira pa mau a matsenga.

Atatha kuyesa wodwala, sing'angayo amagamula mlandu mwa njira imodzi ya zitatu: kapena kuti nthendayo adzaichiza, kapena kuti adzalimbana nayo, kapena kuti njosachizika. Wothyoka khosi ndi kufa ziwalo anamuika m'gulu lachitatu. Chiweruzo chimenechi chinakhala pa anthu otere zaka zikwi zitatu ndi mphambu.

Ahelene ndi Aroma

Monga zaka 400 Khristu asanabadwe, pachilumba cha Kos panali sing'anga wa Ahelene dzina lake Hippocrates. M'mabuku otchedwa ndi dzina lake muli chinthu chimene madotolo achigwiritsabe ntchito, ndicho chakuti bala likakhala kumanzere kwa mutu, kuphiriphitha kugwira mbali ya kumanja ya thupi, ndipo likakhala kumanja kugwira kumanzere. Mabuku omwewo anatsutsa anthu onena kuti khunyu ichokera kwa milungu, nati gwero lake lili mu ubongo. Masiku amenewo kunali asing'anga omanga wopindika msana pamakwerero, ndi kumgwedeza kapena kumgwetsa nawo pamaso pa khamu, kuti msana uwongoke. Wolemba bukulo anati ochita zimenezi afuna kudabwitsa anthu, ndi kuti iye sanaone wina atawongoka nazo.

Patapita zaka zoposa 500 kunauka Galen, wobadwa mu 129 ku Pergamon, mudzi umene mpingo wake utchulidwa m'buku la Chivumbulutso. Mu 157 anaikidwa kukhala sing'anga wa amuna omenyana ndi malupanga m'bwalo la masewera, motero anaona mabala a mitundu yonse. Iye anadula mtsempha wa msana wa nyama pamalo osiyanasiyana, napenya chotsatira. Podula pamwamba m'khosi, nyama inaleka kupuma. Podula m'munsi, inapuma ndithu koma miyendo ya m'mbuyo inafa. Potero anaonetsa kuti ziwalo zifa kuyambira pamene pali bala kunka m'munsi.

Nzeru imeneyi inamthandiza pa wodwala wina, Pausanias, amene anagwa pagaleta, zala zina za dzanja lake nizichita dzanzi. Asing'anga ena anamata mankhwala pazalazo masiku ambiri osaphula kanthu. Galen anafunsa za kugwako, namva kuti munthuyo anagunda msana pafupi ndi khosi, nasamutsira mankhwala pamenepo. Pambuyo pake zalazo zinatsitsimuka. Phunziro lake nlakuti pamene pamveka dzanzi si pamene pali bala nthawi zonse, ndi kuti wothandiza ayenera kufunsa magwedwe a munthu.

Nthawi yonyenga

Pali chinthu china chimene chinazunguza asing'anga mibadwo yambiri, ndipo m'midzi yathu chimabala milandu ya ufiti. Munthu amenyedwa pamutu, akomoka pang'ono, natsitsimuka, nalankhula, nadya nsima. Koma usiku agona tulo tosadzukanso. Dotolo wa ku Paris, Jean-Louis Petit, amene anamwalira mu 1750, anasiyanitsa kukomoka kuwiri. Koyamba kudza nthawi yomweyo chifukwa ubongo wagwedezeka. Kwachiwiri kudza mochedwa, chifukwa magazi alikukha m'kati mwa chigaza ndi kupanikiza ubongo. Palitsipa fupa nlopyapyala, ndipo pansi pake padutsa mtsempha wa magazi. Ukang'ambika, magazi asonkhana pang'onopang'ono, ndipo popeza chigaza sichifutukuka, ubongo ndiwo uphinjika. Maora amene magazi alikusonkhana munthu aoneka ngati wachira, ndipo imeneyo ndiyo nthawi yonyenga.

Mu 1867 Jonathan Hutchinson wa ku London analongosola chizindikiro china, kuti kamwana ka diso la mbali imene kuli magaziwo kakula kuposa kanzake. Ndipo mu 1879 William Macewen wa ku Glasgow, potsata zizindikiro za thupi zokha, anatsegula chigaza cha mnyamata amene adagwa, nachotsa magazi oundana, mnyamatayo nachira. Kuyambira masiku amenewo kunadziwika kuti munthu wotere akhoza kupulumuka akafika kwa dotolo msanga, ndi kuti chimene chimupha ndicho kuchedwa.

Chiweruzo chakale chigwa

Za msana zinachedwa koposa. Pa 21 Okutobala 1805, pankhondo ya panyanja ya ku Trafalgar, mkulu wa zombo za Britain, Horatio Nelson, analasidwa chipolopolo chimene chinalowa paphewa nichithyola msana. Anauza dotolo wake William Beatty kuti sakumva kanthu kuyambira pachifuwa kunka m'munsi, ndipo atapita maora atatu anamwalira. Ngakhale pankhondo yaikulu ya 1914 mpaka 1918, dotolo wa ku America Harvey Cushing anawerenga kuti mwa asilikali 10 alionse olasidwa mtsempha wa msana, 8 anafa m'masabata oyamba.

Koma chinali kuwapha nchiyani? Ambiri sanafe ndi bala la msanalo. Munthu wakufa ziwalo samva kuwawa, chotero agonera malo amodzi osatembenuka. Khungu la m'matako ndi la m'zidendene lifa, nilisanduka zilonda zakuya zonyeka. Chikhodzodzo chakenso sichitaya madzi bwino, ndipo tizilombo tikwera kufikira ku impso. Donald Munro anatsegula chipinda cha odwala otere ku Boston mu 1936, nayamba kulimbana nazo zimenezi. Koma amene anasintha maganizo a dziko ndiye Ludwig Guttmann, dotolo wachiyuda amene anathawa ku Germany mu 1939. Mu Febuluwale 1944 boma la Britain linampatsa chipinda pachipatala cha Stoke Mandeville. Lamulo lake linali lakuti wodwala aliyense atembenuzidwe pakupita maora awiri alionse, usana ndi usiku womwe. Khungu lake liyang'anidwe tsiku ndi tsiku. Mkodzo uchotsedwe ndi kachubu koyera. Ndipo wodwalayo akapeza mphamvu aphunzire ntchito ya manja, asangogona kulindira imfa. Mankhwala atsopano opha tizilombo anathandiza, inde. Koma maziko a ntchitoyo anali manja a osamala odwala odzuka pakati pa usiku.

Pa 29 Julayi 1948, tsiku lomwe anatsegula masewera a Olympic ku London, odwala 16 okhala pamipando ya magudumu anapikisana kuponya mivi pabwalo la chipatala cha Stoke Mandeville. Mu 1960 ku Rome kunasonkhana opikisana otere 400 ochokera m'maiko 23. Anthu amene sing'anga wa ku Egypt akadawataya anakwatira, nagwira ntchito, nakalamba.

Mu 1966 madotolo a ku Toronto analemba za odwala amene anali kugwedeza miyendo atangovulala, koma anafa ziwalo pambuyo pake chifukwa cha kunyamulidwa kosasamala. Fupa lothyoka lili ngati phale lakuthwa pambali pa mtsempha uja, ndipo kupinda khosi kapena msana kukhoza kutsiriza chimene ngozi inasiya. Pamenepo onyamula odwala anayamba kumanga wovulala aliyense pathabwa louma. Zaka za pambuyo pake zaonetsa kuti kugoneka munthu pathabwa lopanda choyala maora ambiri kubala zilonda, motero chiphunzitso cha lero nchakuti mutu, khosi ndi msana zikhale pamzera umodzi, wovulala agwedezeke pang'ono monga kungatheke, ndipo pogona pake payalidwe.

Chisoti ndi muyeso wa kukomoka

Mu Meyi 1935 msilikali wotchuka wa ku Britain, T. E. Lawrence, anagwa panjinga yamoto popewa anyamata awiri a panjinga zopalasa. Analibe chisoti, ndipo atagona chikomokere masiku 6 anamwalira. Mmodzi wa madotolo omsamala, Hugh Cairns, anayamba kuwerenga imfa za asilikali okwera njinga zamoto, naonetsa kuti chisoti cholimba chipulumutsa ambiri. Mu 1941 asilikali a Britain analamulidwa kuvala zisoti, ndipo mu 1973 lamulolo linafikira anthu onse a dzikolo. Ife amene ana athu adya za kabaza, ndi amayi athu akwera pambuyo ndi mwana kumsana, tisayese nkhani iyi ya kutali.

Panatsala vuto limodzi. Mlezi wa odwala wa usiku akati wodwala ali ndi tulo, ndi wa m'mawa akati wafooka, ndani akadziwa ngati munthuyo alikuchira kapena alikumira? Mu 1974 Graham Teasdale ndi Bryan Jennett a ku Glasgow anakonza muyeso wa zinthu zitatu: ngati wodwala atsegula maso, ngati alankhula zomveka, ndi ngati agwedeza ziwalo pouzidwa kapena potsinidwa. Chiwerengero chake chiyambira pa 3 kufikira 15, ndipo chikatsika onse adziwa kuti zinthu zaipa. Makina ojambula m'kati mwa mutu anali atayamba ntchito ku London mu 1971, koma muyeso uwu sufuna makina, ufuna maso okha.

Pano dziko lathu linaikapo mwala wake. Muyeso wa ku Glasgow suyenera mwana wosayamba kulankhula. Chifukwa chake pachipatala cha Queen Elizabeth ku Blantyre, madotolo Malcolm Molyneux, Terrie Taylor, Jack Wirima ndi anzawo, posamala ana okomoka ndi malungo ogwira ubongo, anakonza muyeso wina, nausindikiza mu 1989. Upenya ngati mwana atsata nkhope ya amake ndi maso, maliridwe ake, ndi machitidwe ake akamva kuwawa; chiwerengero chake chiyambira pa 0 kufikira 5. Muyesowo utchedwa ndi dzina la Blantyre, ndipo ugwira ntchito m'maiko ambiri a malungo.

Gawo lathu

Tsono mbiri yonseyi itiuza chiyani ife okhala kutali ndi chipatala? Makolo anati kuona maso a nkhono nkudekha. Munthu akagwa kuchokera pamwamba, kapena akagundidwa pamseu, tisathamangire kumdzutsa, pokhapokha ngati ali pamoto, m'madzi, kapena pamene magalimoto angamponde. Mmodzi agwade kumutu kwake, nagwire mutuwo ndi manja awiri monga momwe wagonera. Wina amfunse dzina lake, ndi pamene pakupweteka, namuuze agwedeze zala za kumanja ndi za kumapazi. Akadandaula khosi kapena msana, akamva dzanzi, akalephera kugwedeza chiwalo, kapena akakhala chikomokere, timuyese wothyoka msana kufikira dotolo atanena zina. Tisamkhazike tsonga, tisamkoke miyendo, tisamthowe kapena kuyesa kuwongola msana, pakuti umenewo ndiwo makwerero aja anatsutsidwa kalekale. Tisamthire madzi kumaso, tisammwetse kanthu. Chisoti tisamvule, koma ngati chimtsekereza kupuma.

Kupuma ndiko kutsogola zonse. Wovulala akayamba kusanza, kapena kukhosi kwake kukamveka nkhonono ya madzi, atembenuzidwe chammbali thupi lonse pamodzi monga chipika, wogwira mutu ndiye alamule. Mutu umodzi susenza denga: pafunika anthu anayi kapena asanu. Momwemonso pomnyamula, agonekedwe pachitseko kapena pathabwa loyalapo bulangete, nsalu zopindapinda ziikidwe mbali zonse ziwiri za mutu, ndipo ayende chogona m'galimoto kapena m'ngolo yoyenda pang'onopang'ono. Kumpanikiza pakati pa anthu awiri panjinga yamoto kukhoza kumlanda miyendo imene ngozi inamsiyira.

Wogunda mutu apite kuchipatala tsiku lomwelo ngati anakomoka ngakhale kanthawi kochepa, ngati asanza kawiri kapena kuposa, ngati mutu unkirankira kupweteka, ngati asokoneza mau kapena aiwala chimene chinachitika, ngati aphiriphitha, ngati mbali imodzi yafooka, ngati tiana ta maso tasiyana kukula, kapena ngati m'khutu kapena m'mphuno mutuluka magazi kapena madzi oyera. Khutu lotere lisatsekedwe ndi thonje. Bala lokha magazi lipsinjidwe ndi nsalu yoyera, koma mofatsa ngati fupa lalowa m'kati. Fungo la kachasu lisatinyenge, pakuti ambiri anasiyidwa pakhonde kuti mowa uwathere, pamene magazi anali kusonkhana m'mutu. Ngakhale wooneka wachira asagone yekha usiku woyamba. Wina akhale naye, napenye ngati adzuka poitanidwa ndi kuzindikira abale ake. Woperekeza wodwala akumbuke ora la ngozi, magwedwe ake, ndi ngati analankhula kapena kuyenda pambuyo pake, pakuti mau amenewo ndiwo nyali ya dotolo.

Ndipo mbale wakufa ziwalo akabwerera kumudzi, lamulo la Guttmann libwera naye. Kutembenuza munthu wamkulu maora awiri alionse, kumsambitsa, kupenya khungu lake ndi kummwetsa madzi okwanira, ndi katundu woposa mphamvu ya mkazi mmodzi kapena mayi wokalamba. Mu Uthenga Wabwino wa Marko tiwerenga za munthu wakufa ziwalo amene anafika kwa Ambuye chifukwa anthu anayi anamnyamula, ndipo maina a anayiwo sanalembedwe. Tipempha akulu a mpingo ndi amayi a m'magulu athu kuti nkhani iyi iwerengedwe pamsonkhano wa mwezi uno. Anyamata ayese pabwalo kutembenuza mnzawo monga chipika kufikira manja awo atazolowera. Ndipo pamene pali wogona wotere m'mudzi, maina alembedwe a iwo amene adzalandizana kukamtembenuza usiku. Chaona mnzako chapita, mawa chili pa iwe.